Mtsamiro Umene Anagonera Mkamwini

A Nelia a ku Liwonde ankasoka mitsamiro. Aliyense wotsika minibasi pa mlatho wa baraji n'kulowera njira ya kusiteshoni ankawapeza pakhonde pawo, phazi lili pa makina, tizidutswa ta thonje titawatera m'mutu ngati imvi zobwereka. Mitsamiro yambiri imene ankayala pamphasa inali mitsamiro chabe, yoti munthu atsamire khosi lisamuwawe. Koma inalipo ina imene sankaionetsa pagulu, yokhala ndi kaulusi kofiira pangodya. Imeneyo inkaongola maloto.

A Nelia anabadwira kwa Kawinga, m'banja la Alomwe amene makolo awo anawoloka kuchokera ku Mozambiki atasenza mbewu ya kalongonda. Luso la mitsamiro analitengera kwa amayi awo aakulu, a Eliza, mzimayi wouma pakamwa amene tsiku loyamba anawauza chinthu chimodzi chokha: thonje limamva. Likangophulika m'munda n'kuyera mbee, limayamba kutchera khutu. Wolitola akamaseka, limasunga kusekako. Akamang'ung'udza nyimbo, akamadandaula za dzuwa, akamatsokomola, zonsezo zimalowa m'thonje n'kukhala momwemo phee, kudikira mutu woti udzatsamirepo.

Zotsalazo anaziphunzira ndi zala. Choika m'kati pamodzi ndi thonje ndicho chimasankha kumene tulo tipite. Kabango ka ku nyanja ya Chiuta kamatengera munthu pamadzi, khoko la nandolo limamubweza kumunda, kansanza ka malaya kamamufikitsa kwa mwini malayawo. Nthawi nayo imatsata msoko. Ukasoka chobwerera m'mbuyo, wogonayo amapita kumasiku akale, ndipo ukasoka cholunjika kutsogolo amakasuzumira za mawa. Msoko wothinana umakoka nthawi ngati ulimbo, moti munthu wongotsinzina masana amatha kukhala m'maloto nyengo yonse yokolola. Wotalikirana umaithamangitsa. Mfundo yomaliza ikakhala yolimba, wodzukayo amakumbukira zonse, koma ikakhala yolobodoka amangodzuka ali wokondwa osadziwa chamukondweretsa.

Anthu a ku Liwonde sankaitcha ntchitoyi ufiti. Ankaiona ngati kukonza wailesi: pali wodziwa, ukamupatsa amakukonzera. Asilamu ndi Akhristu onse ankabwera, ngakhale akuluakulu ena a mpingo ankadzera kuseri kwa nyumba.

Tsiku lina kunabwera mzimayi atagwira mwamuna wake padzanja, kondakitala wa minibasi za ku Balaka, amene ankaitanira anthu ali m'tulo n'kumamukankha mkaziyo kuti asendere pakhale wina. A Nelia anamuikira kabango ndi nthenga ya bakha. Munthu uja anayamba kulota ali m'bwato yekhayekha, popanda wofunsa chenji, ndipo mkazi wake anabwera kudzathokoza ndi lichero la mpunga. Ana a sukulu oyandikira mayeso ankabweretsa tizidutswa ta choko. Ambiri ankangolota aphunzitsi akuwakalipira, koma ankati nazonso zimathandiza. Za mawa zokha ndi zimene a Nelia anasiya kusoka. Anayesapo kamodzi, kusokera mlimi wina wa kwa Ngokwe amene ankafuna kudziwa ngati mvula ibwere msanga. Bamboyo analota tsiku lonse akufunafuna mbuzi yosokera. Kutacha mbuzi inasokeradi, iye n'kuifunafuna kachiwiri m'malo omwe aja, akudziwa bwinobwino kuti kulibe. Anabwera kudzabweza mtsamiro atatupa ndi mkwiyo. Za mvula sanaoneko, poti m'maloto onsewo sanayang'ane kumwamba.

Wovuta kuposa yonse unali mtsamiro wa kumbuyo, wokaonera munthu amene anatisiya. Unkafuna thonje lotoledwa ndi dzanja la malemuyo, ndi kaulusi kochokera pa chovala cha wofuna kulotayo, kuti malotowo awaone ndi maso ake. Ndipo unkagwira ntchito kamodzi kokha. Mutu woyamba kutsamirapo unkamwa zonse, wachiwiri n'kungopeza thonje wamba. Amasiye akamanyamula mtsamiro wotero, a Nelia ankawaperekeza mpaka pamsewu akuwabwerezera zomwezo: asauyese m'minibasi, asaubwereke, mwana asauseweretse.

Amuna awo, a Kachingwe, anawapeza chifukwa cha ntchito yomweyi. Ali namwali, a Nelia anawoloka Shire kupita ku Utale kukafuna thonje la munthu wansangala, poti thonje lotoledwa ndi munthu wokwiya limalotetsa agalu. Anthu anawalozera kwa mnyamata wina wamtali amene ankati sasowa wocheza naye. Anakamupeza ali yekha m'munda akufotokozera mizere ya thonje mmene anagwera panjinga pa Balaka, uku akudziseka mpaka kugwira m'mimba. A Nelia anagula thonje lake chaka chimenecho, anagulanso chaka chotsatira, kenaka anasiya kugula chifukwa munda unasanduka wawo womwe. Anamanga nyumba ku Liwonde, munda uli kutsidya, ndipo anabereka mwana wamkazi, Salome.

A Kachingwe anali munthu wa pakamwa. Ankalankhula ndi nkhuku, ndi khasu, ndi sitima ikamadutsa. Kutchalitchi ankaimba besi, koma ankatsalira m'mbuyo, moti anzawo atakhala kale pansi iwo amakhala akadamalizabe Ameni. Mitsamiro yosokedwa ndi thonje lawo inkadziwika mpaka ku Ntaja, chifukwa ogonerapo ankadzuka akuseka nthabwala imene sanaimvepo kwa wina aliyense.

Anamwalira atangotha kukolola, chifuwa chitawagwira kwa nthawi yochepa. Pa thonje lomalizalo a Nelia anapatulako lodzaza manja awiri, lochokera m'thumba la amuna awo. Analiika m'kamtsuko, kumata pakamwa pake ndi dothi, n'kukapachika kudenga kuopa makoswe. Salome ankawafunsa kuti bwanji osangosoka. Iwo ankayankha kuti nthawi yake sinakwane, poti abambo ake akadalankhulabe m'mutu mwawo tsiku lililonse, nthawi zina mopyola muyeso.

Patapita zaka Salome anakwatiwa ndi Hamadi, msodzi wa ku Chiuta, Myao komanso Msilamu, amene a Kachingwe sanamuonepo. Ankhoswe anakambirana za mzikiti ndi tchalitchi mpaka kugwirizana kuti aliyense azipita kwake, ndipo Salome anatsatira mwamuna wake kwa Ngokwe, poti bwato ndi ukonde sungazisamutsire pakhonde la apongozi. Hamadi anali mnyamata wa masiku ano, wa foni ndi njinga yamoto, koma pa nkhani ya ulemu kwa apongozi anali wachikale kuposa agogo ake. Akakumana ndi a Nelia panjira, ankapatukira m'munda wa mwini n'kunjuta mpaka adutse. Sankadya iwo akuona. Akafuna kuwapatsa moni ankauza Salome, Salome n'kuuza amayi ake, ngakhale onse atakhala pabwalo limodzi. A Nelia nawo ankasunga mbali yawo. Sankamuyang'ana kumaso, sankamuyandikira, ndipo kwa anzawo ankamunyadira kuti akamwini otero anatha kale.

Chaka china, m'nyengo yotola thonje, a Nelia ali pa makina singano inathyoka. Kale zikatero a Kachingwe ankati singanoyo yatopa ndi miseche ya m'mitsamiro. A Nelia anadikira kuti amve zimenezo m'mutu monga mwa masiku onse. Nthabwalayo inabweradi, koma inabwera ndi liwu la munthu wolengeza maliro pa wailesi. Anaimitsa makina. Anayesa kukumbukira Ameni wochedwa uja, n'kumva liwu la mkulu wa mpingo. Nkhope anali nayo pa chithunzi chapakhoma, msinkhu ankauona mwa Salome, koma liwu panalibe amene analisunga, poti mafoni ojambula mawu anafika pakhomopo a Kachingwe atapita kale. Anakhala masiku angapo akulifunafuna ngati munthu wofufuza ndolo mumchenga. Kenaka anakwera pampando n'kutsitsa kamtsuko kaja.

Mtsamirowu anausoka pamanja. Anadula chitenje chatsopano cha maluwa a buluu, anasolola kaulusi pa duku lakale limene ankavala kumunda, n'kusoka chobwerera m'mbuyo, msoko wothinana kuposa yonse imene anasokapo, kuti akakafika kumeneko akakhaleko nthawi yaitali. Mfundo anaimanga ndi mano. Kaulusi kofiira sanaike, poti m'nyumba ankakhala yekha ndipo panalibe woti amuchenjeze. Linali Lachinayi. Anauika pabedi, kuusisita pang'ono, n'kupita ku msonkhano wa amayi a mpingo, akuganiza kuti akabwerako asamba, adzola mafuta, n'kukakumana ndi amuna awo ali waukhondo.

Pobwerera, dzuwa litapendeka pang'ono, fungo la matemba linawachingamira asanafike pakhomo. Pabwalo panali njinga yamoto. Salome, amene ankadziwa pobisa kiyi, anali atabwera ndi mwamuna wake osatumiza uthenga, ndipo anali atapita kumsika ndi dengu la nsomba. Asanapite anachita zimene mwana aliyense woleredwa bwino akanachita. Mkamwini pakhomo pa apongozi ndi mlendo, ndipo mlendo sagonekedwa pa zakutha. Anamuyalira mphasa yatsopano pansi pa mtengo wa m'bwemba, n'kumusankhira mtsamiro wokongola kuposa yonse m'nyumbamo, wopanda kaulusi kofiira.

Hamadi anali gone chagada, kofia ili pachifuwa, mutu uli pa maluwa a buluu.

A Nelia anaima chilili, buku la nyimbo lili m'manja. Akanakhala munthu wina aliyense, akanangothamanga n'kusolola mtsamirowo, mwina n'kupulumutsako theka. Koma uyu anali mkamwini, ali m'tulo, malaya atamasula mabatani. Mpongozi wamkazi samuyandikira mkamwini ali maso, nanga ali gone? Mapazi awo anakana okha. Anaima patali, anatsokomola, anatsokomolanso mwamphamvu. Anatenga madeya n'kuwaza chakufupi ndi mphasa kuti nkhuku zikachite phokoso. Nkhuku zinabwera, zinatola madeya, tambala anakwera pa bondo la Hamadi n'kulira, koma munthu sanagwedezeke. Anakoka mtondo n'kuyamba kusinja wopanda kanthu, gu, gu, gu, mpaka mapewa kuwawa. Anaimba nyimbo ya chiukitso ndi mawu onse. Sitima ya katundu inadutsa ikuliza lipenga lake. Zonsezo sizinathandize, ndipo iwo ankadziwa chifukwa chake. Msoko uja anausoka okha.

Anakakhala pakhonde chopereka msana, koma khosi linkatembenuka lokha. Hamadi ankamwetulira. Dzanja lake lamanja linkatola zinthu m'malere n'kuponya m'thumba losaoneka, mwachangu, mmene a Nelia ankatolera thonje. Kenaka anaseka m'tulo momwemo, kuseka kopendeketsa mutu kumene a Nelia anakuzindikira kuti n'kwa iwo eni. Amuna awo anali pomwepo, pansi pa m'bwemba, akucheza ndi munthu wolakwika. Misozi inatsika, koma ataona msodzi wandevu akukonza duku limene sanavale, anapezeka akusekanso, akudzitseka pakamwa ndi chitenje.

Salome anafika ndi dengu lopanda kanthu pamutu, akufotokoza kale za mitengo ya nsomba asanalonjere n'komwe. Amayi ake anangomulozera ndi mlomo pansi pa mtengo, kenaka n'kuloza kamtsuko kosweka pakamwa kamene kanali pawindo. Salome anayang'ana uku ndi uku. Dengu linagwa.

"Amayi, musandiuze kuti ndi lija."

"Ndi lomwelo."

"Nanga kaulusi kofiira?"

"Ndimati ndichenjeze ndani, makoswe?"

Salome anathamanga kuti akamugwedeze, koma amayi ake anamuletsa. Anati thonje lamwedwa kale, ndipo kumudzutsa pakati kungakhale kutaya ndi chotsala chomwe. Aleke amalize.

Hamadi anadzuka dzuwa litatsika ndithu. Anakhala tsonga, anayang'ana manja ake kuseri ndi kumaso, anagwira ndevu zake ngati akuzithokoza kuti zilipo. Atatembenuka n'kuona apongozi pakhonde, anadzambatuka n'kuthawira kuseri kwa mpanda wa udzu wa kubafa, kofia n'kuisiya pamphasa. Salome anamutsatira. Atabwerako anauza amayi ake kuti a Hamadi akupepesa kwambiri, sanadziwe, ndipo akuti akufuna kubwerera ku Chiuta lero lomwe.

A Nelia anati palibe mlandu, koma njinga ija siyenda mpaka mwiniwake atatula zimene wasenza. Choncho Salome anayamba kuyenda pakati pa mpanda ndi khonde, kutenga uku kukatula uko. A Hamadi akuti anali m'munda kutsidya, m'mawa, mame asanaume. Akuti panali munthu wamtali wovala chipewa cha mlaza chobooka pamwamba, wonunkhira fodya wa chingambwe. Akuti munthuyo sanatseke pakamwa kuyambira mzere woyamba mpaka womaliza. Ananena za mtengo wa thonje, za ng'ona imene inaba zovala za m'busa pa Shire, za mwana wawo amene adzakwatiwe ndi munthu wogona masana.

"Zimenezo wawonjezera wekha," anatero a Nelia.

"Ndawonjezera," Salome anavomera.

A Nelia anamvetsera zonse akugwedeza mutu. Chipewa ankachikumbukira, fodya ankamukumbukira, nkhani ya ng'ona anaimva kosawerengeka. Anauza Salome kuti zimenezo ali nazo kale. Chimene anatsitsira kamtsuko ndi liwu, ndipo liwu silingadzere m'kamwa mwa Salome. Munthu mmodzi yekha padziko amene analimva lero ndi amene wabisala kubafa. Alankhule mmene analankhulira a Kachingwe, iwo amve ndi makutu awo.

Salome anabwerera kuseri kwa mpanda. Kenaka kunamveka kunong'ona kwautali, Chiyao chosakaniza ndi Chichewa, ndipo Salome anabwera akuluma mlomo kuti asaseke. Anati a Hamadi akuti liwulo ali nalo ndithu, likuchita kulira m'makutu, koma sangathe. M'malotomo iwo ndiye anali amayi. Ndipo bambo aja, poona kuti m'munda mulibe anthu, sankati amake a Salome iyayi. Ankaitana dzina lenilenilo, lopanda chilichonse kutsogolo, ngati akuitana kamtsikana. Mkamwini angatchule bwanji dzina la apongozi? Akuti bola awoloke Chiuta chosambira.

A Nelia anawerama. Zimenezo anali asanauzepo munthu, ngakhale Salome.

Salome anati kumudzi anthu amapereka nkhuku kuti mpongozi ndi mkamwini ayambe kulankhulana, ndipo tambala uja alipo. Yankho linachokera kuseri kwa mpanda, lolunjika kwa Salome koma lomveka bwalo lonse, loti nkhuku imatsegula moni, siitsegula zoterezi. Pamenepa ngakhale ng'ombe singakwane.

Apo a Nelia ananyamuka, anatenga kampando kawo n'kukakhala pafupi ndi mpanda, msana utatsamira udzu, nkhope ikuyang'ana kunjanji. Chikhalire sanayandikirepo mkamwini wawo chotero. Analankhula ndi Salome, koma mokweza.

"Uwauze amuna ako kuti akabweretsa dengu la matemba kuno, sindinena kuti iwo ndi matemba. Asenza chabe. Lero asenza abambo ako. Amene aitane dzina langa ndi mwini wake, amene analipeza kalekale iwo asanabadwe. Ine sindikuwaona, iwo sakundiona. Akakana, sindiwakakamiza. Koma thonje lina kulibe."

Anatuma Salome kuti akatenge thonje wamba lodzaza lichero akampatse mwamuna wake azichotsa njere, chifukwa zimene munthu walota zimatuluka bwino manja akamagwira zomwe ankagwira m'malotomo. Panapita kanthawi kukungomveka njere zikugwera m'lichero. Kenaka Hamadi anakonza kukhosi, natulutsa liwu lalikulu lokokera pansi ngati la ng'ombe.

"Apongozi, thumba lanu likudontha."

Salome anagwa pansi ndi phwete. A Nelia anadikira kuti mwana wawo apume, kenaka anati, "Abambo ako anali ndi zolakwa zambiri, koma sananditchulepo apongozi."

Hamadi anayesanso, ulendo uno kudumpha dzina n'kuyambira pa thumba. Liwu linatuluka lopyapyala ndi manyazi. A Nelia anayamba kumuongola mmene ankaongolera msoko, zonse kudzera mwa Salome. Atsitse pang'ono. Asathamange, munthu uja sankafulumira pa chilichonse. Asakokere kukhosi, achokere m'chifuwa. Penapake linkayandikira, a Nelia n'kutsinzina, koma linkatereranso n'kusanduka la Hamadi. Pomaliza msodzi uja anausa moyo nauza mkazi wake kuti vuto akulidziwa. Liwulo limayambira pa dzina. Bambo aja ankalikoka dzinalo kaye, kenaka zina zonse zinkatsetsereka kuchokera pamenepo, ndipo ukalidumpha umakhala ngati ukukankha bwato pamchenga.

"Ndiye alikoke," anatero a Nelia.

Hamadi anapempha kuti Salome ayang'ane kumsewu ngati kukubwera anthu. Salome anati kulibe. Hamadi anapempha kuti Mulungu amukhululukire, m'Chiarabu, kenaka m'Chiyao kuti zitsimikizike. Njere zinayambanso kugwera m'lichero, imodziimodzi, kenaka mofulumira. Ndiye kuseri kwa udzu kunatuluka liwu lokhuthala, lokanda pang'ono ndi fodya, lochedwa ngati munthu amene tsiku lonse ndi lake, kuseka kutabisala pansi pake.

"Neliaa. Iwe Nelia. Thumba lako likudontha. Ukutola kutsogolo, kumbuyo ukudzalanso."

Salome, amene anali atakonzeka kuseka, sanaseke. Anakhala pansi pomwe anaimapo, dzanja lili pakamwa. A Nelia sanatembenuke. Anagwira udzu wa mpanda ndi dzanja limodzi ngati munthu woima m'bwato. Munda wonse unabwera, mame m'miyendo, kulemera kwa thumba m'chiuno, njiwa zikulira ku Shire. Asanaganize n'komwe, pakamwa pawo panayankha pokha, ndi liwu lakuthwa la mzimayi wa m'munda:

"Likudontha chifukwa munasoka ndinu. Munthu wokwatira telala n'kumasoka yekha thumba."

A Nelia anadikira yankho. Kuseri kwa mpanda njere zinasiya kugwa. Patapita kanthawi kunamveka liwu la Hamadi mwiniwake, laling'ono, laulemu, lolunjika kwa iwo kwa nthawi yoyamba chikwatirire mwana wawo.

"Apongozi, pepani. Pamenepo m'pamene ndinadzukira. Zimene bambo aja anayankha sindinazimve."

"Musavutike, bambo," anatero a Nelia. "Akuyankha."

Ndipo ankayankhadi. Sizinkachokera kuseri kwa mpanda. Zinali m'mutu mwawo, pamalo pake pakale, ndi liwu lake lenileni. A Kachingwe ankadziteteza kuti thumbalo analisoka bwino, koma ulusi ndi umene unali wachinyengo, ndipo kuchokera pa ulusi anadumphira pa mmwenye amene anawagulitsa, kuchokera pa mmwenye n'kufika pa njinga ya pa Balaka. A Nelia anakhala pakampando paja akugwedeza mapewa ndi kuseka, misozi ikutsikira m'makwinya, Salome akuwafunsa kuti akuti chiyani, akuti chiyani, iwo n'kumangomukupiza ndi dzanja kuti adikire, munthu akadalankhula.

Hamadi anakhalabe kubafa mpaka mwazini wa kumzikiti ataitanira anthu kumapemphero, lichero lili pamiyendo, osadziwa ngati waloledwa kutuluka. Salome ndiye anachita kuwakumbutsa amayi ake.

"Auze atuluke," anatero a Nelia akupukuta m'maso. "Ndipo agwire tambala uja achinje okha mwa Chisilamu, kuti tonse tidye. Ine ndilowa m'nyumba kaye. Abambo ako ayamba ya ng'ona."